Tanthauzo Lachitatu

Galimoto ya kampani inaima pa shedi ya alimi dzuwa lili pamutu, Lolemba la sabata yachitatu ya Okutobala, chaka cha 1986. A Lawrence, mlangizi wa kampaniyo m'chigwa cha Domasi, anatsika osatseka chitseko, ndipo sanapereke moni kwa munthu aliyense. M'manja mwawo munali pepala lochokera kunja, limene anali atalipinda ndi kulipindanso mpaka linafewa ngati nsanza.

Mabanja asanu ndi awiri anali akuwadikira kuyambira m'mawa. Zaka zitatu ndi theka m'mbuyomo, kampani ina ya zipatso ya ku Blantyre inawabweretsera mbande za kamtengo kachilendo kamene eniake amakatcha bulubeli, koma anthu a kuno anangoti mabulosi a Chizungu. Pangano linali lalifupi. Mbande ndi za kampani. Munda ndi thukuta ndi za mlimi. Zipatso zikapsa zidzakwera ndege ku Lilongwe kupita ku Holanda, kumene mwezi wa Okutobala kumakhala kutayamba kuzizira, mitengo yawo itasiya kubala, ogula akuyang'ana kumaiko otentha. Katundu woyamba akakondweretsa ogulawo, kampani idzagula kwa zaka zisanu. Akakanidwa, kampani idzazula mitengo yake ndi kupita nayo kumene ikufuna.

Pa mabanja onsewo, munda waukulu unali wa mayi Sakina, amene aliyense ankawatchula ndi dzina la bambo awo kuti Abiti Aufi. Mundawo unali wa kuchikazi. Amuna awo, Che Ramadhani, ogulitsa nsomba zouma pa njinga, anali akamwini. Kuti apeze malo a mitengo mazana atatu, Abiti Aufi anazula nthochi zimene amayi awo anabzala iwo asanabadwe. Mitengo yatsopanoyo inkafuna dothi lowawasa, choncho kwa zilimwe zitatu mayiwo ankakwera phiri kukasenza masamba ouma a paini, chisaka chimodzi pa ulendo, mpaka tsitsi la paliwombo linathothoka.

"Makatoni makumi anayi," anatero a Lawrence akugwedeza pepala lija. "Makumi anayi, onse atayidwa kudzala la Azungu. Afika ofewa, ena atachita chuku. Tsopano ndiuzeni: ndani anakuuzani kuti mupukute zipatso?"

Kwa alimiwo funsolo linali lodabwitsa. Zinali ngati kufunsa kuti ndani anawauza kusamba m'manja asanadye. Masiku awiri athunthu amayi a mabanja onsewo anakhala pa mikeka m'shedi momwemo, aliyense ndi kansalu koyera kogula kumene, akupukuta chipatso chimodzichimodzi kufikira chitawala ngati mkanda. Chipatsocho chimapsa chili ndi kafumbi koyera pakhungu pake, ngati chagwera paphulusa, ndipo palibe mayi wa m'chigwachi amene angapatse mlendo chakudya cha phulusa, kaya mlendoyo ali patsidya pa mtsinje, kaya ali ku Ulaya.

A Lawrence anapita pa mtengo wapafupi, nathyola chipatso chimodzi, nachikweza kuti onse aone.

"Choyerachi n'chiyani?"

"Phulusa," anayankha mayi wina ndi mawu otsika.

"Phulusa la agogo anu! Ichi ndi chovala chake. Chimabadwa nacho. Chimatchinga madzi kuti asatuluke, chimatchinga chuku kuti chisalowe. Wogula akatsegula katoni, choyamba kuyang'ana ndi chimenechi. Akapeza palibe, amadziwa kuti chipatsocho chapita m'manja zana. Inu mwazivula, mwazitumiza ku Ulaya zili maliseche." Anachifikisa ndi zala, chinawala, anachiponya pansi. "Ndinawauza ku ofesi kuti ntchito iyi si ya anthu odinda chala. Lolemba likudzali antchito abwera ndi makasu. Mitengo ikupita ku esiteti ku Mulanje, kwa anthu amene amamva akauzidwa."

Abiti Aufi anaimirira, namanga bwino mpango wawo.

"Bwana, n'zoona, ife timadinda chala. Koma wodinda chala amasunga mawu m'mutu, poti alibe thumba lina loikamo." Anali ataphunzira kuloweza ali mwana ku madrasa, ndipo tsopano anaika manja kumbuyo monga ankachitira pamaso pa mwalimu. "Malangizo a kampani, monga anatiwerengera aphunzitsi. Ndime yoyamba: muthyole m'mawa mame atauma. Ndime yachiwiri: musathyole chimene chikadali chofiira kumsonga. Ndime yachitatu: musadzaze katoni kupitirira mzere. Ndime yachinayi: chipatso chikhale choyera, ndipo duwa lake lisachoke."

"Duwa?" anafunsa a Lawrence.

"Duwa. Ili." Anatola chipatso chija pansi, nachitembenuza, nalozera kachipewa ka nsonga zisanu kamene kamatsala kumunsi kwake, kooneka ngati duwa louma. "Mukawafunse Azungu anuwo ngati m'makatoni makumi anayi apezamo chimodzi chothothoka duwa. Tinalisamala kuposa mano athu."

A Lawrence anayang'anitsitsa kachipewako. Kenaka anatembenukira kwa munthu amene anakhala pa mpando umodzi wokha wa m'shedimo.

Munthuyo anali aphunzitsi a Eneya, amene anaphunzitsa Chingerezi pa sukulu ya pulaimale ya m'deralo kwa zaka makumi awiri ndi ziwiri. Kalata iliyonse ya Chingerezi yofika m'midzi itatu inkadutsa m'manja mwawo: ya kuchipatala, ya kukhoti, ya ku migodi. Pepala la malangizo litafika, iwo ndiwo anaima m'shedi momwemo, magalasi pamphuno, nalimasulira ndi pakamwa. Sanalembe kanthu.

"Ine ndinafotokoza zonse mwandondomeko," anatero a Eneya akuyang'ana nsapato zawo. "Zimene makutu anamva si mlandu wa pakamwa."

"Aphunzitsi, munatipeza tikupukuta," anatero Abiti Aufi. "Munanena kuti zikuwala ngati maso a khanda. Munadya zinayi."

Ena anaseka, koma kuseka kwake kunatha msanga. A Lawrence anapinda pepala lawo kachitatu. Iwonso anali ndi chawo chosafuna kuti chikumbukiridwe: pangano linati mlangizi adzakhalepo tsiku loyamba kuthyola kuti aonetse ndi manja, ndipo tsikulo iwo sanaoneke.

"Mawu a m'mutu sindingapite nawo ku ofesi," anatero akulowa m'galimoto. "Ngati cholakwa ndi cha womasulira, alembe yekha kalata, asaine. Ndidutsa pa msewu wa tala Lachisanu masana. Mwina angalole kuti muthyole kachiwiri. Popanda kalata, Lolemba makasu." Anatseka chitseko akutukwana, akubwereza liwu lina la Chingerezi.

Madzulo a tsikulo Abiti Aufi anali m'munda akuthirira, ngati kuti palibe chimene chanenedwa. Che Ramadhani anawatsata ndi keni yopanda madzi, chizindikiro chakuti sanabwere kudzathirira.

"Amake Saida, zisiyeni. Mphunzitsi uja ndi munthu wamkulu. Mwamuchititsa kale manyazi pamaso pa anthu."

"Manyazi amauma, bambo a Saida. Nthochi za amayi sizidzamera."

"Mukakangana naye, makalata a achimwene anu a ku Joni adzatiwerengera ndani? Pepala la kuchipatala adzationera ndani? Pamudzi pano diso ndi limodzi, inu mukufuna kulitosa."

"Diso lake laona duwa pamene pali phulusa."

"Ndiye mukufuna agwade? Mphunzitsi wa Chingerezi alembe ndi dzanja lake kuti Chingerezi chamulaka? Bola mukapemphe nkhuku kuti ikusonyezeni mano."

Abiti Aufi anaika keni pansi. "Inu munabwera pamudzi pano ndi njinga, ndipo zikavuta mudzachoka ndi njinga. Ine ndidzatsala ndi maenje mazana atatu. Kapena mudzabzalamo usipa?"

Che Ramadhani anayang'ana keni yawo, napita kumtsinje kukatunga madzi.

Lachiwiri masana, sukulu itaweruka, Abiti Aufi anapita kunyumba kwa aphunzitsi. Anakhala pa mkeka pakhonde, napereka moni wonse woyenera, nafunsa za miyendo ya akazi awo. Kenaka ananena chimene anabwerera, mawu ake atawasankha bwino panjira: sanabwere kudzazenga mlandu, anabwera kudzapempha mizere itatu yoti ipulumutse minda isanu ndi iwiri.

A Eneya anawamvetsera mpaka kumapeto. Anadabwitsa mlendo wawo pomwetulira.

"Abiti Aufi, ine si munthu wokana anzanga. Dikirani."

Analowa m'nyumba. Pa zenera ankaoneka atawerama patebulo, cholembera chikuyenda osapuma. Tsamba loyamba linadzaza, anatembenuza, analemba lachiwiri. Potuluka anali ndi envulopu, ndipo anainyambita ndi kuimata pamaso pa mayiwo, naisindikiza ndi chibakera.

"Mukapereke ili chitsekere. Makalata a maofesi ndi mmene amayendera."

Abiti Aufi analandira ndi manja awiri, nathokoza. Koma atafika pa mlatho wa mitengo anaima. Envulopuyo inali yonenepa. Iwo anali atakhalapo pa milandu yambiri ya pamudzi, ndipo ankadziwa kuti munthu wovomera kulakwa amatha mawu msanga. Amene amatalikitsa ndi wodzikanira.

M'mawa mwa Lachitatu anatenga mazira khumi, napita ku koleji ya aphunzitsi, ku ofesi kumene kunkagwira ntchito Millicent, mtsikana wotayipa makalata amene ankagula mazira kwa iwo mwezi ndi mwezi.

"Mayi, mwezi sunathe," anatero Millicent.

"Awa si ogulitsa, mwananga. Ndabwera kudzabwereka maso."

Millicent anayang'ana dzina la pa envulopu, nazengereza. Kenaka anatseka chitseko, naitsegula ndi mpeni wodulira mapepala. Anawerenga chamumtima tsamba loyamba, nakweza maso.

"Ndiwerenge zonse?"

"Usasiye ngakhale chitsokomolo."

Kalatayo inali ya Chingerezi chokongola, ndipo Millicent anaimasulira pang'onopang'ono. Wolembayo anati anafotokoza malangizo onse molondola, kawiri. Anati alimiwo, makamaka amayi, ndi anthu abwino mtima koma osaphunzira, omangika ku miyambo yawo ya kutsukatsuka zinthu, ndipo sanathe kugwira zimene anauzidwa. Anati iye anawachenjeza atawapeza akupukuta, koma mayi wina wamakani, amene wanyamula kalatayi, sanafune kumva. Pomaliza anapempha kampani kuti iwakhululukire monga mmene munthu amakhululukira ana.

Abiti Aufi anagwira m'mphepete mwa tebulo.

"Amene wanyamula kalatayi," anabwereza. "Ndinailandira ndi manja awiri, Millicent. Ndinagwada."

Atamufotokozera za ndime yachinayi ija, Millicent anafunsa, "Mawu ake enieni a Chingerezi anali otani, mayi? Amene anati duwa?"

"Bwana uja anawatchula ali m'galimoto, akutukwana. Anati bulumu."

"Bulumu ndi duwa ndithu," anatero Millicent. "Inenso ndikanatero." Komabe anatsitsa pa shelefu buku lalikulu lomasulira mawu, nalitsegula, nayendetsa chala. "Eya. Tanthauzo loyamba, duwa. Lachiwiri, nthawi imene munthu ali pachimake pa kukongola." Chala chinatsika, chinaima. "Lachitatu. Timalemba ting'onoting'ono. Kafumbi koyera kamene kamakhala pakhungu la zipatso zina zikangothyoledwa."

"Mawu amodzi?"

"Amodzi, mayi."

"Nanga anthu amenewa alibe mawu okwanira, kuti duwa ndi phulusa zizigona m'nyumba imodzi?" Anawerama, nayang'ana tsambalo ngati kuti angathe kulitola ndi maso. "Nambala ya tsamba ndiuze. Ukatero unditayipire mizere itatu. Pamwamba Chichewa, pansi Chingerezi, zofanana ngati mapasa."

Lachinayi, belu la nthawi yopuma litalira, aphunzitsi asanu ndi mmodzi anali m'chipinda chawo akumwa tiyi ndi zitumbuwa. Abiti Aufi anaodira kamodzi, nalowa asanayankhidwe. Anapita patebulo la a Eneya, naika chipatso chimodzi cha phulusa pamwamba pa mulu wa makope.

"Ndabwera kudzalembetsa sukulu," anatero. "Musaope, sindikufuna yunifolomu. Ndikufuna mawu amodzi okha. Aphunzitsi nonse muli muno, bulumu n'chiyani?"

Anayang'anana. Mmodzi anaseka.

"Duwa, mayi."

"Duwa," anavomereza wachiwiri, mkamwa muli chitumbuwa.

"Kapena kuphuka kwa maluwa," anatero mphunzitsi wamkazi amene anakhala pafupi ndi zenera.

A Eneya anawongoka pa mpando, magazi anabwerera kumaso. "Mwamva nokha. Tsopano tulukani, ino ndi ofesi."

"Buku lanu lalikulu lili apo. Tsamba makumi asanu ndi atatu kudza zisanu ndi chimodzi. Mukapeza duwa musaime. Mutsike kawiri."

Mphunzitsi wamkazi uja anadzuka, natsegula bukulo. Anawerenga tanthauzo lachitatu mokweza, m'Chingerezi, kenaka m'Chichewa. Anayang'ana chipatso chija pa makope, natseka bukulo mosamala ngati muli mazira.

"Mlandu wa duwa sindikukuzengani, aphunzitsi," anatero Abiti Aufi. "Mwaona, onse muno agwera m'dzenje lomwelo. Mukanati tsiku lija, pepani anzanga, ndinaima pa khomo loyamba, ine ndikanakusenzerani nkhuni mwezi wathunthu. Mlandu ndi uwu." Anatulutsa masamba awiri aja m'nsalu, nawayala patebulo. Anaika manja kumbuyo. "Anthu abwino mtima koma osaphunzira. Omangika ku miyambo yawo ya kutsukatsuka. Mayi wina wamakani, amene wanyamula kalatayi."

"Munatsegula kalata ya ofesi!"

"Ndinatsegula. Munandipatsa chingwe kuti ndikadzimangirire, n'kundiuza kuti ndi mkanda. Munaona zala zanga kuti ndi zodinda, mwati uyu anyamule yekha imfa ya munda wake, athokozenso. Munatichenjeza liti, aphunzitsi? Musanadye zinayi zija, kapena mutadya?"

A Eneya anavula magalasi. Popanda magalasiwo anaoneka okalamba, ndipo pamphuno panali timabala tiwiri tofiira. Abiti Aufi anakumbukira kuti munthu ameneyu anawawerengera makalata zaka makumi awiri osapempha ngakhale dzira, ndi kuti tsiku limene inafika kalata ya imfa ya malume awo ku mgodi, iye anayamba wakhala nawo pansi asanawerenge. Chikumbukirocho sichinaziziritse mtima wawo. Chinauyatsa, pakuti tsopano sankadziwa kuti mwa makalata onsewo ndi angati anawerengedwa mpaka pansi.

Anatulutsa pepala la Millicent, nalipereka kwa mphunzitsi wamkazi uja. "Amayi, tiwerengereni zonse ziwiri, onse amve kuti ndi mapasa."

Mphunzitsiyo anawerenga: Ine Eneya, amene ndinamasulira malangizo, ndinamasulira mawu akuti bulumu kuti duwa. Alimi anachita zimene anamva kwa ine. Sindinawaletse kupukuta.

A Eneya anayang'ana anzawo mmodzimmodzi. Aliyense anali atapeza kanthu koyang'ana m'kapu mwake. Anatenga cholembera, nasaina mwamphamvu mpaka nsonga inaboola pepala.

"Kuyambira lero," anatero, "kalata yanu iliyonse, ndi ya mbumba yanu yonse, izipita kwa amene wakuphunzitsani manambala a masamba."

"Ndamva," anatero Abiti Aufi akupinda pepalalo. "Ndime imeneyonso ndailoweza."

Lachisanu Che Ramadhani anawakweza pa njinga mpaka pa msewu wa tala, akudandaula njira yonse kuti achedwa ku mzikiti. Pamiyendo pa Abiti Aufi panali kadengu ka zipatso zothyola m'mawa womwewo, zosakhudzidwa ndi nsalu, zotuwa ngati zagona pamoto wozima. Galimoto ya kampani inafika dzuwa litapendeka pang'ono. A Lawrence anawerenga kalatayo ali pa chiwongolero, injini ikulira, ndipo nkhope yawo sinaonetse kukondwa.

"Wasainadi," anatero. "Chabwino. Ndikapereka." Anaiponya kutsogolo kwa galasi, pamene panali mapepala ena ofiira ndi dzuwa, makoko a malalanje ndi chipewa.

Abiti Aufi analowetsa dzanja pa zenera, naitenga. Anazungulira galimoto, natsegula chitseko cha mbali inayo, nakhala, kadengu pamiyendo.

"Mayi, mukutani?"

"Ndikupita kukapereka. Sabata ino ndaphunzira kuti kalata imadwala panjira."

"Galimoto iyi si basi! Che Ramadhani, tawauzani akazi anu atsike."

Che Ramadhani anagwira ndevu zawo, nayang'ana akazi awo, nayang'ananso msewu. "Atengeni, bwana. Mukawasiya pano, wovutika ndine."

Anachoka ku Domasi, nadutsa Zomba. Atadutsa Namadzi, Abiti Aufi anafunsa akuyang'ana kutsogolo, "Tsiku lothyola munali kuti?"

"Mafuta kunalibe. Dziko lonse likudziwa kuti mafuta akuvuta."

"Mukanenenso komweko."

Ofesi ya kampani inali pamwamba pa sitolo ina ku Blantyre. Mkulu wake anali Mzungu wachikulire, wofiira khosi, amene anakhala kuseri kwa tebulo lodzaza ndi mapepala. A Lawrence anangolowa n'kuyamba kuyankhula Chingerezi chothamanga, akuloza mayiwo ndi chala chachikulu, akuseka pang'ono ngati munthu wopepesa chifukwa cha mbuzi imene yamutsata. Mzunguyo ankagwedeza mutu.

"Basi," anatero Abiti Aufi kwa a Lawrence. "Osati inu."

Onse awiri anatembenuka. Pa nthawi yomweyo pakhomo panalowa bambo wa imvi, wovala mzuli woyera, atanyamula thireyi ya tiyi. Anali Che Maulidi, mesenjala wa ofesiyo. Abiti Aufi anawapatsa salamu, iwo anayankha thireyi ili m'manja.

"Achimwene, chinenero cha anthu awa mumachimva?"

"Ndinaphikira Azungu zaka makumi atatu, achemwali. Ndimamva ngakhale zimene sananene."

"Imani pakati pathu. Changa mupereke chonse, chakenso mubweretse chonse. Mukapeza mawu a makomo awiri, mugogode onse."

A Lawrence anayamba kukana, koma Mzungu uja anakweza dzanja, nalozera Che Maulidi kuti apitirize. Abiti Aufi anafotokoza kuyambira pa nthochi za amayi awo. Ananena za masamba a paini, za tinsalu toyera, za ndime yachinayi. Sanakweze mawu, koma Che Maulidi pomasulira ankakweza, ndipo pena ankaponda pansi. Kenaka mayiwo anaika kalata patebulo, navundukula kadengu.

Mzunguyo anawerenga kalatayo kawiri. Anatola chipatso chimodzi ndi nsonga za zala, nachiyang'anitsitsa pa kuwala kwa zenera, nachidya. Anatembenukira kwa a Lawrence, nafunsa funso lalifupi.

"Akuwafunsa kuti tsiku lothyola anali kuti," anatero Che Maulidi.

"Iwo akuti chiyani?"

"Akuti mafuta."

"Nanga bwana akuti chiyani?"

Che Maulidi anamvetsera kwa kanthawi, maso ali kudenga. "Zimenezo, achemwali, sindingamasulire Lachisanu."

Mkuluyo atatha ndi a Lawrence, anagogoda tebulo ndi cholembera. Kenaka anayankhula pang'onopang'ono, akuyang'ana mayiwo, ndipo Che Maulidi ankatsata pambuyo. Makasu sabwera Lolemba. Ogula a ku Holanda akwiya, ndipo sangalandire makatoni makumi anayi kachiwiri, koma iye awapempha kuti aone khumi okha. Khumiwo akakanidwa, mitengo izulidwa, ndipo sipadzakhalanso kalata yoipulumutsa. Galimoto yoziziritsa ifika pa shedi Lachitatu m'mawa. Anamaliza ndi mawu amodzi ofewa, akumwetulira, natambasula dzanja.

"Akuti pepani," anatero Che Maulidi.

Abiti Aufi anayang'ana dzanjalo. Anaganiza za amayi asanu ndi awiri atawerama pa mikeka masiku awiri, aliyense akunyadira kuwala kwa ntchito yake, ndi za pepala limene anthu a m'chipinda chino analemba m'chinenero chawo, nalitumiza kumudzi lopanda munthu. Sanamwetulire, ndipo dzanja lawo linakhalabe pa kadengu.

"Achimwene, afunseni," anatero. "Lachitatu limenelo lili ndi matanthauzo angati?"

Che Maulidi anaika thireyi pansi, natsokomola, namasulira funsolo liwu ndi liwu, osachotsapo kanthu.